Mapazi a Munthu Mmodzi

Fungo la polishi wa nsapato likandipeza, kaya ndi m'sitima kaya ndi kuntchito, ndimabwerera ku Balbriggan, pakhomo pa a Zuze amene ankakhala kunsi kwa fulati yathu. M'mawa uliwonse ndinkawapeza pampando wawo wa pulasitiki, nyuzipepala atayala pansi, ketulo ikulira kukhitchini, iwo akupukuta nsapato zakuda zomwezomwezo ngati akukafunsira mbeta. "Munthu ndi mapazi," ankatero. "Mutu umangotsatira."

Kwawo kunali ku Tete, ku Mozambique, koma Chichewa chawo chinali chathu chomwechi. Ine ndinafika ku Ireland ndili ndi zaka zisanu ndi ziwiri. Mapepala otilola kukhala m'dzikomo atatuluka, amayi anapeza ntchito yokolopa kubwalo la ndege, ndipo basi yawo inkanyamuka kusanache. A Zuze ndiwo anadzipereka kumandiperekeza kusukulu pamodzi ndi ana awiri a banja lina la ku Zambia. Ndinalibe agogo kuno, ndiye ndinangowatenga iwowo osapempha aliyense.

Kuyenda nawo kunali ndi lamulo limodzi. Iwo patsogolo, ife pamzere pambuyo, aliyense kuponda ndendende pamene waponda mnzake. Ukangopatuka kuti ukankhe chitini, ankatembenuka nkhope itasintha: "Pondani pamene ndaponda ine." Ndi liuma langali ndinawafunsa chifukwa chake. Anati kunkhondo ya kwawo ku Mozambique njira zinkakhala ndi mabomba okwirira pansi, ndipo wotsogola akadutsa wamoyo ndiye kuti pamene wapondapo mpabwino.

Loweruka ankayala nkhondo yawo patebulo. Zitsekerero za mabotolo zinali asilikali, supuni inali mtsinje, mbale ya shuga inali phiri. "Kuno nkum'mawa, kumalire," ankatero, chala chikuyenda m'mphepete mwa tebulo. Ankandifotokozera mmene anatsogolera gulu lawo madzinja atatu, mmene analandira mlatho m'manja mwa adani n'kuutayanso sabata yomweyo, ndi za mkulu wina wovala magalasi akuda amene anawalamula kudutsa dambo masanasana, dzuwa lili paliwombo. Akafika pamenepo ankatola theka la zitsekerero zija n'kuika m'thumba, ndipo tsiku limenelo sizinkatulukanso. Sanandiuzepo kuti ankamenyera mbali iti. Inenso sindinafunse, poti kwa ine mbali ya a Zuze ndiyo inali ya anthu abwino.

Zinaululika chaka chimene kunagwa chipale chofewa chambiri, chija kuno timangoti snow. Tinakafika kusukulu n'kupeza atatseka, ndipo tinabwerera pamzere wathu uja. Ndege nazo sizinauluke, choncho amayi anaweruka msanga. Tinawapeza ataima pageti, chikwama chili m'manja, akuyang'ana pansi. Tinali anthu anayi, koma pamsewu woyera mbee panali mapazi a munthu mmodzi, akuya.

Amayi ndi a ku Ntcheu, m'mudzi wa m'mbali mwa msewu uja umene tsidya lake ndi Mozambique. Ali mtsikana, anadzuka tsiku lina n'kupeza nkhokwe ili pululu, ndipo mlongo wawo Yohane atatengedwa kuti akasenze chimangacho. M'munda monyowa munali mapazi a munthu mmodzi basi, olowera kumalire. Yohane sanabwerenso. Zonsezi ndinazimva pambuyo pake.

"A Zuze, mayendedwe awa munawaphunzira kuti?"

"Kunkhondo, mayi."

"Mbali iti?"

A Zuze anavula chipewa, kukuzizira choncho. "Mbali imene mukuganizayo. Anandigwira ndili telala pamsika. Koma ndisakunamizeni, pambuyo pake wolamula ndinali ine."

"Ku Ntcheu munafikako?"

"Tinkaoloka. Mayina a midzi sitinkafunsa."

"Tadala, lowa m'nyumba," anatero amayi. "Kuyambira mawa ndisintha ntchito."

Anasiyadi ntchito ya kubwalo la ndege n'kuyamba yosamalira okalamba, kuti azindiperekeza okha. Ndinalira, ndinanyanyala chakudya, ndinawayankha m'Chingerezi mawu amene mpaka lero ndimachita nawo manyazi. Amayi sanasunthe. Zaka zitatu zinatha osapatsana moni ndi munthu amene tinkamumva akutsokomola kunsi kwa mapazi athu. A Zuze ankapukutabe nsapato zawo m'mawa, kungoti tikamatsika masitepe ankakankha chitseko pang'ono kuti amayi asavutike ndi kuwaona. Chifundo chimenecho chinkandipweteka kuposa mkwiyo wa amayi.

Kenaka a Zuze anadwala sitiroko. Atatuluka m'chipatala anabwera ndi chitsulo choyendera, ndipo namwino wachizungu ankabwera kudzawaphunzitsa kuyenda. M'nyumba ankayesa ndithu, koma akafika pakhomo ankangoima, maso ali pakapinga, thukuta lili kamukamu. Matenda aja anawabwezera kuthengo, moti sankakhulupiriranso nthaka imene sipanadutse munthu. Namwino ankaima pambali pawo n'kumawalimbikitsa mokoma, osadziwa kuti waima polakwika. Anati akapanda kuyenda, awatengera kunyumba ya okalamba.

Amayi anaonerera zimenezi pawindo sabata yathunthu, akung'ung'udza kuti ntchito anthu ena amangoivalira yunifolomu. Lamulungu m'mawa anatsika atavala kale za kutchalitchi. Sanapereke moni. Anaima kutsogolo kwa a Zuze n'kuwafulatira.

"Musaganize kuti ndakukhululukirani," anatero, akuyang'ana kugeti. "Pondani pamene ndaponda ine."

Anayamba kuyenda pang'onopang'ono, zidendene za nsapato zawo zikusiya timabowo m'kapinga wonyowa. A Zuze anayang'ana timabowo tija nthawi yaitali, kenaka anakoka mwendo wofooka uja n'kuuika pa koyamba. Ine ndinatsatira pambuyo. Tinafika pageti, ndipo m'mawa mwake amayi anatsikanso.

A Zuze anakhala m'nyumba mwawo zaka zina zinayi asanamwalire. Sindinamvepo amayi akubweza mawu awo aja, ndipo sindiwaweruza, poti Yohane ndi mlongo wawo, si wanga.

Lero ndili ndi mwana wanga wamwamuna wa zaka zinayi, ndipo Loweruka timapita kumchenga wa kunyanja ku Balbriggan komweko. Iye amathamanga paliponse pamene wafuna, uku ndi uku, mapazi ake ali balala mumchenga wonse. Mawu a a Zuze amandifika pakamwa nthawi iliyonse. Ndimawameza, n'kumusiya athamange.