Mawu Anga Pakamwa pa Mng'ono Wanga

Ndinapita ku Dubai kukaonetsa maso anga kwa madokotala, ndipo ndinafikira kwa mng'ono wanga kudera la Silicon Oasis. Iyeyu ntchito yake ndi kumasulira mabuku a nthano a Chijapani, kuwaika m'Chingerezi, ndipo dzina lake limalembedwa pachikuto. Inenso ndakalamba ndikumasulira, nyimbo za m'tchalitchi ndi timabuku ta kumishoni, koma dzina langa silinasindikizidwepo ngakhale patsamba lomaliza. Amene anamugwira dzanja pophunzira kulemba pasileti ndine. Mwayi wa maphunziro a ku Japan utabwera, unandilumpha n'kugwera iye.

Sabata yachiwiri, mayi wina wachikulire wa ku Japan, mlembi wa mabuku amene mng'ono wanga amamasulira, anaima ku Dubai ali paulendo, ndipo anatiitana kukadya naye ku Downtown, pakati pa mzindawo. Ndinavala jekete yanga ya pa Sabata. Ndinkafuna chinthu chimodzi chokha: kuti mayiyo adziwe kuti luso limene amalitamali linayambira kwa ine.

Pachakudya awiriwo ankacheza ndi kuseka m'chilankhulo chawo, ine ndikungotembenuza foloko. Mayiyo ankamuthirira tiyi ndi manja awiri, mwana amene ndinkamupukuta mamina. Tsono ndinakonza pakhosi, n'kunena kuti kwathu mlendo amalonjeredwa ndi wamkulu, ndipo ndinauza mng'ono wanga kuti amasulire.

Ndinayamba bwino, ndi mathokozo. Koma mtima unatsogola. Ndinati mnyamatayu anali wogona m'kalasi, kuti ankalira akaona masamu, kuti kalata yake yoyamba ndinachita kumulembera, ndiponso kuti kwathu palibe amene anawerengapo buku lake mpaka kumapeto. Iye ankamasulira modekha, maso ali pambale, mawu osanjenjemera. Ndinkayembekeza kuti mayiyo atembenuka n'kundifunsa za ntchito yanga. M'malo mwake anawerama kwambiri, nayankhula motalika, nkhope ili yowala.

"Akuti chiyani?" ndinafunsa.

"Akuti ndinu munthu waulemu, achimwene. Akuti tsopano aona kumene ndinatengera khalidwe."

M'galimoto pobwerera ndinamuuza kuti wandibera mawu, wasandutsa zimene ndinanena kukhala zotsekemera. Anakana. Anafotokoza kuti kwa anthu a msinkhu wa mayiyo, munthu woleredwa bwino satama m'bale wake pamaso pa mlendo, koma amamuchepetsa, ndipo mlendoyo amamva kuti pamenepo pali kunyadira kobisika.

"Sindinachotsepo kanthu, achimwene. Ngakhale za masamu zija ndawauza."

"Nanga za nyimbo zimene ndinamasulira?"

"Zimenezo simunazitchule. Ine ndimamasulira zimene munthu wanena."

Ndinayang'ana nyumba zazitali zikudutsa pawindo. Anali kunena zoona. Nthawi yonse imene ndinapatsidwa ndinaithera pa iye, ndipo mayiyo ananyamuka m'mawa mwake akundidziwa monga mkulu wake wa womasulira, munthu wodzichepetsa. Mng'ono wanga anandifunsa ngati mankhwala a m'maso ndinali nditathira kale. Ndinayankha kuti maso ndi anga, ndidziwa ndekha.