Mphuno Imene Asekulu Anabwereka

Asekulu anga, ndiye kuti agogo aamuna, a Nyirenda, anali mlimi wa fodya ku Magodi, cha ku Lundazi, koma ndikawakumbukira si fodya amene amandinunkhira. Ndimamva fungo lotsekemera, lozizirira kummero, limene linkatuluka akatsegula kachitini kakale ka tiyi kamene ankabisa pamwamba pa khoma, pamene ife ana sitinkafikira. M'kachitinimo munali tizipatso touma, tofiirira, tolimba ngati khungwa. Kalikonse kanali ndi nsonga zisanu ndi zitatu, ndipo m'nsonga iliyonse munkasuzumira njere imodzi yosalala, yonyezimira ngati yadzola mafuta. Asekulu tizipatsoti ankatitchula kuti nyenyezi.

Asanabwerere kumudzi kudzalima, ankagwira ntchito yophika kwa mmwenye wina wa sitolo ku Chipata. Kumeneko tizipatsoti ankatitchula kuti badiyani, ndipo ankatiponya mumpunga wa nyama kapena mu tiyi. Tsiku lotsazikana, mayi a m'nyumbamo anawapatsa todzaza m'manja. Kwathu nyenyezi yathunthu inkalowa mu tiyi pa Khirisimasi pokha, koma agogo aakazi akadzimbidwa ndi nyemba, asekulu ankabenthula kansonga kamodzi n'kuwawiritsira. Asekuluwo eni ake fungolo sankalimvanso, chifukwa utsi wa m'balani moumitsira fodya ndi fodya wofwenkha zinali zitawapha mphuno. Ankangotsegula chitini n'kundiitana kuti, "Towela, bwela ununkhize. Likalimo?"

Ine mafunso sankandithera. Kodi mtengo wake ndi wautali ngati mango? Nyenyezizo zimayang'ana kumwamba kapena zimalendewera? Nanga duwa lake nalonso lili ndi nsonga? Asekulu sanauonepo mtengowo. Anangomva kwa mayi aja kuti suyoyola masamba chaka chonse, kuti masamba ake ndi onyezimira, ndiponso kuti ukalifikisa tsamba limanunkhira ngati chipatso chake. Zotsalazo ankafuna kudzionera okha.

Panalinso a Mtonga, mnzawo wa kutchalitchi, munthu wa pakamwa polasa. Iwo ankati palibe mtengo ungabale chinthu chowongoka mizere chotero, n'zosema za kufakitale basi. "A Nyirenda anapita ku tauni kukaphika, anabwelako na nthano," ankatero pagulu, anthu n'kumaseka. Asekulu ankaseka nawo, koma ndinkaona kuti zinkawapweteka kutchedwa wabodza.

Choncho chaka chilichonse, pofesa nazale ya fodya kudimba, ankasiya kangodya kamodzi. Ankatenthapo mapesi, n'kusalaza phulusa, n'kukwirira njere za nyenyezi, n'kuphimba ndi udzu, monga mmene amachitira ndi fodya. Ankathirira ndi kheni m'mawa ndi madzulo dzuwa la Okutobala likuswa mtengo. Fodya ankamera bwino kwambiri, koma pangodyapo sipankatuluka kanthu, ndipo njere zinkacheperachepera. Chaka chimene ndinali mu giredi folo anatsala ndi zisanu. Anati mwina dothi ndi losauka, ndiye anakatapa lakuda kudzala, kumene tinkataya zinyalala za kukhitchini, n'kufesapo zonse zisanu.

Patapita milungu ingapo kanthu kanamera. Kanali ndi timasamba tobiriwira kwambiri, tonyezimira. Asekulu anakamangira mpanda wa minga kuti mbuzi zisafike, ndipo katakwanitsa masamba anayi anandiitana. Anathothola limodzi, n'kundipatsa.

"Fikisa, mzukulu. Uniuze vamene wamvela."

Ndinafikisa. Sindinafunikire kununkhiza kawiri. Linali fungo la ndimu, lenileni, la njere imene inabwera ndi dothi la kudzala lija. Ndinayang'ana asekulu, atagwada m'matope, chipewa chili m'manja, ndipo ndinawamvera chisoni.

"Ni nyenyezi, asekulu," ndinatero.

Ndinkaganiza kuti nkhaniyo ithera pamenepo, kuti asangalala masiku angapo kenako mbuzi kapena chiswe chitithandiza. Koma Lamlungu lotsatira, mapemphero atangotha, ndinaona asekulu akutsogolera azibambo asanu ndi mmodzi kulowera kudimba, a Mtonga ali pakati. Ndinawatsatira. A Mtonga anawerama, n'kutsina tsamba, n'kuliika pamphuno. Anapatsira mnzawo, mnzawoyo n'kupatsiranso wina.

"A Nyirenda," anatero a Mtonga mofatsa, "iyi nyenyezi yanu tizafinyila mu phala."

Kuseka kwake kunamveka mpaka kuchitsime. Asekulu sanatsutse. Anangotembenuka n'kundiyang'ana, ndipo ine ndinayang'ana pansi.

Sanandikalipire. Anthu atapita anakhala pachitsa nthawi yaitali akupukuta chipewa chawo, kenako anati, "Nenze nabweleka mphuno yako chifukwa yanga inafa. Sembe unaniuza chabe." Ndikanakonda akanandikwapula. Kuyambira tsiku limenelo sanandiitanenso kuti ndiwanunkhizire kanthu. Ankaitana mlongo wanga, amene sankasiyanitsa n'komwe fungo la sopo ndi la palafini.

Ndinali wamkulu kale, asekulu atatisiya, pamene ndinapeza mayankho a mafunso anga aja. Mtengowo ulipodi, kumapiri a chinyezi a ku China ndi Vietnam. Zipatso zake amazithyola zisanapse n'kuziyanika padzuwa mpaka zitauma gwa, choncho njere zofika m'sitolo zimakhala zitafa kale, ndipo ngakhale yamoyo ikanavutika ndi chilimwe cha ku Lundazi. Manja a asekulu sanalakwe paliponse. Zimandiwawa kuti sindinathe kuwauza zimenezi, kapena kuwasonyeza a Mtonga chithunzi cha mtengowo.

Kamtengo kaja asekulu sanakazule. Anapitiriza kukathirira, ati mbewu siilakwa. Lero ndi mtengo waukulu wa mandimu m'mphepete mwa dimba lathu, ndipo mudzi wonse umautchula kuti nyenyezi ya a Nyirenda. Ana amene amathyola mandimuwo amakuuza, akuseka, kuti dzinalo linabwera chifukwa cha nkhalamba ina yabodza. Ndikapita kumudzi ndimawakhazika pansi n'kuwauza kuti nkhalambayo sinaname, ananama ndine.