Kafoni ka Ekow Tinakaika M'bokosi

Mwamuna wanga Ekow ankalemba mapulogalamu pa foni, ali mu minibasi ya trotro popita kuntchito ku Takoradi. Laputopu analibe. Ntchito yake yonse ankaisunga mu apu imene iye ndi anzake ankagwiritsa ntchito, ndipo ikavuta ankangoseka. "Yakwiya ngati mayi ako," ankatero, n'kuitseka, n'kuitsegulanso.

Momwemo anasunganso mbiri ya mwana wathu Araba, amene ali ndi matenda a magazi: mankhwala omuyanja, ena amene anamutupitsa nkhope ali wakhanda, masiku onse a kuchipatala. Ine ndinkangofunsa bambo akewo.

Ekow anamwalira pangozi mwezi wathawu. Dzulo Araba anatentha thupi, ndipo nditatsegula apuyo pa foni ya Ekow inandikana, ikufuna manambala achinsinsi. Ndinathamangira kwa Mansa, mnzake wa Ekow wa kuntchito.

"Mlamu, khala pansi, izi n'zazing'ono," anatero, akuchotsa apuyo n'kuiikanso. "Manambalawo awatumiza ku kafoni kake kena kaja, kamabatani ngati ka nkhalamba. Kali kuti?"

Tsiku la maliro achibale ankaika mphatso m'bokosi monga timachitira: nsalu, mpango, ndalama zowolokera mtsinje popita kwa mizimu. Apongozi anga anabweretsa kafoniko. "Mwana wanga sankayenda wopanda foni," anatero, ndipo ine ndemwe ndinawathandiza kukalowetsa m'thumba la malaya ake.

Mansa walembera eni apuyo, akuti mwina ayankha pakatha sabata. Mawa adokotala adzandifunsa dzina la mankhwala omutupitsa Araba aja. Ine ndikungokumbukira kuti anali m'botolo lofiira.