Ndakatulo Zanga pa Khoma la ku Nsambe

Ndinanyamuka ku Blantyre Loweruka m'mawa, mtima uli dyokodyoko. Achimwene anali atandiimbira foni kuti Lolemba akugwetsa nyumba yakale ya makolo athu ku Nsambe. Pakhoma la nyumbayo ndi pomwe ndinalemba ndi makala ndakatulo zanga zoyamba, ndipo sindinazikopere pena paliponse. Malo ake anali opapatiza, pakati pa chitseko ndi zenera, n'chifukwa chake mizere yanga ndi yaifupi mpaka lero. Anzanga a m'tauni amati ndi luso. Ine sindiwatsutsa.

Minibasi inandilipiritsa K7,000 kukafika pamphambano ya ku Neno. Pa Zalewa ndinagula chimanga chootcha, koma ndi chimwemwe ndinachigawa chonse kwa anthu osawadziwa. Cha m'ma 11 koloko ndinakwera njinga yamoto, tikukwera mapiri, fumbi lili koboo.

"Bwana, mukusekerera chiyani kumbuyoko?" anafunsa wanjingayo.

"Ndikukaona khoma."

"Khoma eti? Gwiritsitsani basi."

Tinafika dzuwa litapendeka, kamphepo kozizira kakununkhira minda ya mbatatesi. Alamu anga, akazi awo a achimwene, anandichingamira akululutira. Ndinathamangira kunyumba ija, kope lili m'manja.

Khoma lonse linali mbee! Alamu anali atalimata dothi loyera dzulo lake.

"Mlendo wochokera kutauni afikire panyumba yamakalamakala? Anthu akanatiseka," anatero monyadira.

"Alamu, nyumba yoti igwa mkuja?"

"Igwe ili yoyera."

Ndinakhala pansi n'kuseka mpaka misozi, ndipo misozi inayo sinali ya kuseka. Zinandiwawa kwambiri. Nditawafotokozera chomwe ndinadzera, anagwira pakamwa.

"Kodi mukunena ndakatulo za mvula ya pa Nsambe zija? Zaka zonsezi ndimasenda mbatatesi pakhonde pomwepa, maso ali pamenepo. Tsegulani kopelo."

Anayamba kulakatula, manja ali m'chiuno, ine ndikulemba mothamanga ngati mwana wa sukulu. Zonse zisanu zinatuluka. Pa yachitatu ndinawaimitsa.

"Mzere umenewo sindinalembe ine."

"Wanuwo mvula inaufufuta kalekale. Ndinaikapo wanga. Waipa?"

Sunaipe. Kunena zoona, unaposa mizere yanga yonse. Ndinkaganiza kuti nyumba ija inalera mlembi mmodzi, osadziwa kuti tinalipo awiri. M'buku langa latsopano, pansi pa ndakatulo imeneyo pali maina awiri, ndipo loyamba si langa.