Ndinaimba pa maliro dokotala atandiletsa

Inu owerenga, ine ndinawononga ndekha mawu anga oimbira. Abale anga kumudzi mpaka lero amati ndinalodzedwa, koma palibe amene anandilodza. Zinachitika masanasana kuno ku Dubai, anthu akundithokoza.

Ndinayambira m'kwaya ya kutchalitchi kwathu ku Zomba. Mphunzitsi wina atandimva anandithandiza kupita ku Joni kukaphunzira opera. Awa ndi masewero oti nkhani yonse imaimbidwa, ndipo mawu ako ayenera kufika pampando wakumbuyo popanda maikolofoni. Zaka zambiri ndinakhala ndikusula mawu amenewo. Nditabwera kuno ndinkaimba m'hotela ina ku Business Bay, anthu ali kalikiliki ndi mafoloko, osandimvera n'komwe. Ndinapirira mpaka gulu lina la opera linandisankha kutenga gawo lalikulu m'sewero lawo. Ndinati basi, nthawi yanga yakwana.

Koma mpweya wa kuno si wabwino kwa woimba. Panja kumatentha ngati ng'anjo, ukalowa m'nyumba makina akuziziritsa, khosi n'kuuma gwa. Tili mkati mokonzekera sewero lija, mawu anga anayamba kusasa. Dokotala wa zapakhosi, mayi wa ku India, analowetsa kachubu ka kamera n'kundionetsa potupa pa timitsempha ta mawu. Anati ndikhale chete kwa milungu ingapo, osaimba, ngakhale kunong'ona ayi, ndipo ndichira bwinobwino. Akuluakulu a sewero anavomera kundidikira.

Sabata yomweyo kunagwa zovuta. Mtsikana wina wa kwathu, amene ankalera ana m'nyumba ina ku Mirdif, anamwalira atangodwala pang'ono. Thupi linali kuchipatala kudikira ulendo wa kumudzi, ndiye amayi a ku Malawi anakonza zoti tikumane ku Satwa Lamulungu masana, tsiku limene ambiri mabwana awo amawamasula, kuti timulire. Ndinapita, poti maliro n'kulirana. Mumtima ndinati ndikangokhala pakona n'kubwerako.

Tinadzaza kabwalo kakang'ono kuseri kwa nyumba, makina oziziritsa a nyumba zoyandikana ali phokoso pamwamba pathu. Nyimbo zinkayamba n'kufera m'njira. Kenako anaBanda, mayi amene amatsogolera gulu lathu la mapemphero, anandiyandikira.

"Achemwali, yalla, tiyeni, tiyambitsireni nyimbo. Mwana wa eni ake apite chonchi inu muli pompano?"

Ndinaloza pakhosi ndikupukusa mutu.

"Iii, azungu mumawaimbira tsiku ndi tsiku, koma lero poti ndi m'bale wanu khosi lawawa? Tikuphikirani tiyi wa jinja, khalas, nkhani yatha."

Maso onse anali pa ine. Mukudziwa inu momwe timamuonera munthu wokana ntchito pa maliro. Komanso ndinaganiza kuti tsiku lina ndikadzafera kunja kuno, amayi omwewa ndi amene adzathamangethamange kuti thupi langa likafike ku Zomba. Ndinaimirira. Ndinati ndiimba imodzi yokha, motsitsa.

Nyimbo za pa maliro zilibe imodzi. Isanathe, wina wayambitsa kale ina. Amayi aja anali ndi misozi yosunga, ankalira mtsikanayo, ankaliranso ana awo omwe anawasiya kumudzi akukwawa. Nanenso zinandigwira, ndinakweza mawu kuti ndipose phokoso la makina aja. Ndili mkati mwa nyimbo ina ndinamva kanthu kakuduka pakhosi ngati ulusi, ndipo m'kamwa munangotuluka mpweya. AnaBanda anandipatsa tiyi uja n'kunena kuti Mulungu andidalitse.

Dokotala atayang'ananso anavula magalasi n'kundiuza zimene anaona. Mtsempha unali utaphulika. Anandichita opareshoni, koma panatsala chipsera, ndipo mawu okwera aja sanabwererenso. Gawo langa anapatsa wina.

Kuno ukakhala wopanda ntchito viza imatha, ndiye sindinathe kukhala pansi n'kumalira. Mkulu wa sewero lija, pondimvera chisoni, anandipatsa kagawo kosaimba m'sewero lina, ka nkhalamba yolongolola. Anthu anaseka mpaka kugwira nthiti. Kuyambira pamenepo a mafilimu anayamba kundiitana. Lero ndine apongozi ovuta, mawa wantchito wamwano, mkuja mayi wogulitsa nsomba. Amati mawu anga osasawa ndi apadera, ndisayerekeze kuwakonza. Zimandinyansa kwabasi, chifukwa akuyamikira chilonda changa. AnaBanda omwewo ndi amene amatumiza zithunzi zanga pa foni kwa aliyense, ati mwana wathu watchuka. Sanapepesepo, ndipo ndikukhulupirira kuti sadziwa n'komwe chimene chinachitika tsiku lija.

Posachedwapa ndinali mufilimu ina ngati mayi wolera mwana, ndipo panali poti ndimuimbire kuti agone. Wojambula filimuyo, mnyamata wa ku Lebanon, anandisisita paphewa.

"Mama, inu muzingoyendetsa milomo, tapeza woimba weniweni."

Ndinaima pamenepo khanda lili m'manja, ndikutsegula ndi kutseka pakamwa, mawu a mtsikana wina akutuluka m'sipika. Ankapumira polakwika, mapeto a mzere uliwonse akumeza. Ndinkamva zonse, ndinkadziwa pokonza pake, koma ndinalibe mawu omuonetsera. Nditafika kunyumba ndinalira ndi ukali, osati chisoni.

Inu owerenga, makamaka inu amene mumadya ndi khosi, ndi manja kapena ndi miyendo yanu, dokotala akati pumulani, pumulani. Ku maliro pitani, phikani, tsukani mbale, khalani pansi mulire nawo, koma chimene mwaletsedwa musachite, kaya akuyang'anani bwanji. Miseche siitupitsa khosi. Ndipo inu okonda kukakamiza anzanu ndi mawu oti "m'bale wanu", mnzanu akati akudwala mukhulupirireni, simudzamudwalira ndinu.

Mtsikana womwalira uja anafika bwino kwawo. Ndinaona pa foni mwambo wonse: makwaya a mipingo ya m'mudzi mwake anamuimbira kuchokera kunyumba mpaka kumanda, ochita kulandizana. Sanasowe womuimbira. Akanapita bwinobwino ine nditakhala chete pakona.