Woperekeza Sakhala Panja

Mnzanga wina wa kukwaya, Mmalawi amene tinkapemphera limodzi ku South C, dera lina la mzinda wa kunja kumene tinkakhala, anakhala zaka zambiri pabanja popanda mwana. Loweruka lina anandipempha kuti ndimuperekeze ku Runda, dera lina la mumzinda momwemo, kwa mphunzitsi wa zauzimu amene ankati amamasula thupi la mkazi ndi mafuta ndi kapumidwe. Chiphunzitsocho ankachitcha tantra. Mtima wanga sunakhazikike, komabe tinakwera minibasi, imene kumeneko amati matatu.

Nyumbayo inali ya mpanda wautali, m'kati muli fungo la lubani lokhalokha. Tinavula nsapato. Mtsikana wina anatolera mafoni athu m'dengu, kenako anaitanitsa mphete zaukwati, akuti chitsulo chimatchinga mphamvu. Mphunzitsiyo, bambo wandevu wovala zoyera, anagwira mnzangayo dzanja n'kuloza chipinda cha kumapeto. Ine ndinadzuka n'kuwalondola.

"Inu dikirani kuno," anatero bamboyo m'Chingerezi. "Machiritso amafuna anthu awiri okha."

Ndinamuuza kuti kwathu, ngakhale kwa sing'anga wakumudzi, mkazi wamwini salowa yekha. Womuperekeza amakhala pomwepo pamphasa, akuona zonse. Anaseka, nati maso anga awononga ntchito.

"Amayi, tiyeni tizipita," ndinauza mnzangayo m'Chichewa. Anazengereza, misozi ili lengelenge, poti mwanayo ankamufunadi. Ndinapisa ndekha dzanja m'dengu muja, n'kutenga mafoni ndi mphete zathu, n'kumuveka mphete yake, ndipo tinatuluka.

Mpaka lero sindidziwa zimene zinkachitika m'chipinda chija. Chimene ndinaona ndi maso angawa n'chakuti chitseko chake chinali ndi loko, ndipo kiyi ankalendewera m'khosi mwa mphunzitsiyo.