Dzina limene labala yanga inadya

Ntchito yanga yoyamba ku Canada anandipezera ndi achemwali Asiyatu, mayi wa ku Mangochi amene ankasamalira okalamba mumzinda wa Hamilton. Munali mu Januwale 2004, patatha miyezi isanu chifikireni changa kudzatsatira amuna anga. Makalata onse ofunsira ntchito amene ndinatumiza anangolowa m'madzi. Zaka khumi ndi ziwiri zimene ndinaphunzitsa pulayimale ku Thyolo sizinkawerengedwa kuno, aliyense ankafuna munthu amene anagwirapo kale ntchito m'dziko muno. Tsiku lina achemwaliwo anandipeza masanasana ndafunda bulangete, ndikungoyang'ana kunja pawindo.

"Asisi, mukamangokhala chonchi mudzadipuresika," anatero. "Gogo wina amene ndimamusamalira ali ndi mng'ono wake wa shopu ya mabuku akale, bondo likumuvuta. Ndamuuza kuti ndinu aphunzitsi. Ndakubukirani kale, mawa teni koloko. Musachedwe, kuno sachita za nthawi yachimalawi."

Shopuyo inali kanyumba kopanikizana pakati pa malo ometera ndi ochapira zovala. Mwini wake anali mayi Maureen, mzimayi wamfupi wa imvi, wobadwira kumadzulo kwa dziko la Ireland, amene anabwera kuno ali mtsikana bambo ake atapeza ntchito ku fakitale yazitsulo. Sanandifunse za masetifiketi. Anangondipatsa buku lakale n'kuima pambali kuonerera mmene ndilitsegulire. Ndinalilandira ndi manja awiri, n'kuligoneka pa tebulo, n'kuyamba kutembenuza masamba kuchokera pakona ya pamwamba.

"Sunanyowetse chala ndi malovu," anatero. "Uyambe Lolemba."

Ankafuna ndizingowatchula kuti Maureen, koma lilime langa linakana mpaka tsiku limene ndinachoka. Iwo ankandiseka kuti ndimagwadira ngakhale kapu ya tiyi.

Mabuku ambiri m'shopumo anali onena za Ireland: mbiri yake, ndale zake, njala yaikulu imene inathamangitsa anthu kudziko lawo, mikangano ya malo, nkhondo yofuna ufulu, ndi mavuto a kumpoto kwa dzikolo. Ine za Ireland ndinkangodziwa ansembe ndi masisitere a ku mishoni kwathu, ndipo m'maso mwanga mzungu anali mzungu basi. Sabata yoyamba ndinaika buku lina la mbiri ya Ireland pa shelefu yaing'ono ya mabuku a Britain. Mayi Maureen anadzuka ndi bondo lawolo, n'kulichotsa okha.

"Esnati, anthu anafa kuti tichoke pa shelefu imeneyi. Iwe ukufuna utibwezerepo tsiku limodzi?"

Anaseka, nanenso ndinaseka, koma kuyambira pamenepo ndinayamba kumawerenga pa basi. Ndinadabwa kupeza kuti kunali azungu ena amene analamulidwa ndi atsamunda omwewo amene anatilamulira ife, n'kulandidwa malo, n'kumanyozedwa chinenero chawo m'kalasi.

Ntchito yeniyeni inali m'kachipinda ka kumbuyo. Katoni ya mabuku ikabwera, choyamba umanunkhiza buku lililonse, chifukwa la nkhungu limapatsira anzake. Kenako umalitseka zolimba n'kupukuta fumbi la pamwamba ndi burashi yofewa, kuchokera kumsana kupita kunja. Umawerenga ngati zithunzi ndi mapu zilimo zonse. Tsamba long'ambika umalimata ndi kapepala kopyapyala ndi guluu woyera, n'kusalaza ndi kafupa kosalala kamene kamaoneka ngati mpeni wopanda mano. Selotepi inali yoletsedwa, mayi Maureen ankati ndi mfiti ya mabuku. Pomaliza pankabwera labala yoyera yofewa, yofufutira mitengo yakale ndi mizere imene ana a ku yunivesite amajambula pansi pa mawu. Umagwira tsamba ndi dzanja lamanzere n'kumafufuta mbali imodzi yokha kuti pepala lisakwinyike.

Labalayo ndiyo ndinkaikonda koposa. Muyenera kundimvetsa. Ine ndinachokera m'kalasi mmene ana asanu ndi atatu ankaunjikana pa buku limodzi, ndipo bukulo linkayenera kudzafika kwa ang'ono awo. Mwana wolemba m'buku ndinkamugwaditsa kutsogolo popanda kumva zifukwa. Kwa ine pensulo m'buku losindikiza inali litsiro, ndipo dzanja langa linkathamanga kufufuta maso asanawerenge n'komwe.

Tsiku lovuta linali Lachinayi lina m'mwezi wa Marichi. Mayi Maureen anapita kuchipatala kukaonetsa bondo, n'kundisiyira makiyi koyamba. Kumbuyo kunali katoni imene mayi wina anabweretsa Lolemba lake, atasamutsira bambo ake kunyumba yosungirako okalamba. Ndinati ndiikonze yonse kuti abwana akamabwera apeze mabuku ali mbee. Pansi penipeni panali buku lonenepa la chikuto cha nsalu yobiriwira, lonena za eni minda ikuluikulu ndi alimi amene ankakhala pa malo awo. M'mbali mwa masamba munali modzaza timalemba ta pensulo topendekeka, tothinana. Ndinapukusa mutu ngati mphunzitsi wagwira wakuba, n'kukhala pansi ndi labala yanga. Pofika masana ndinali nditayeretsa theka la bukulo, ndipo ndinkadzimva kuti ndagwira ntchito.

Cha m'ma thu koloko belu la pachitseko linalira. Analowa bambo wokalamba wamtali, wowerama, atagwira ndodo, jekete atamanga mabatani mosemphanitsa. Anati dzina lawo ndi Fintan, ndipo mwana wawo wamkazi anagulitsa mabuku awo kuno.

"Sindikumuimba mlandu, chipinda chimene andipatsa n'chaching'ono," anatero. "Ena onsewo atsale. Ndikufuna limodzi lokha, lobiriwira. Muli zolemba za bambo anga."

Ndikanatha kunena kuti bukulo lagulidwa kale, ndipo sindibisa, maganizo amenewo anandifikira. Koma ndinapita kumbuyo, n'kulitenga, n'kuliika patsogolo pawo, tinyenyeswa ta labala tikadali m'katimo.

Sanafufuze tsamba. Bukulo linatseguka lokha pamalo pamene linazolowera kutsegulidwa. Anayang'ana m'mbali moyeramo, n'kuchotsa magalasi, n'kuwapukuta, n'kuyang'ananso.

"Zili kuti?"

"Ndafufuta ndine, bambo. Ndimayesa ndikuyeretsa."

Anakhala pa mpando wa makasitomala pang'onopang'ono. Sanakalipe, ndipo zikanakhala bwino akanakalipa. Anandifotokozera ngati akuuza mwana. Pa tsamba limenelo wolemba bukulo anangonena mwachidule kuti mabanja angapo a m'mudzi wina anachotsedwa pa malo a mwini munda, ndipo zinayenda mwabata. Mudziwo unali wa bambo awo, amene nthawiyo anali mwana ndipo anaona madenga akugwetsedwa. Atakula n'kupeza bukulo, analemba m'mbali mwake mayina a mabanja onse khumi ndi limodzi, limodzilimodzi. Chaka chilichonse mu Novembala, mwezi wokumbukira akufa, ankawawerenga mokweza banja likatha kupemphera korona.

"Kale ndinkawatchula onse osayang'ana," anatero bambo Fintan. "Chaka chino ayamba kundithawa. Ndinati ndilitenge bukuli ndimupatse mdzukulu wanga mutu usanatheretu."

Agogo anga aamuna anathamangitsidwa pa esiteti ina ku Thyolo atalephera thangata, ntchito yokakamiza imene anthu ankagwirira mzungu kuti aloledwe kukhala pa malo. Anathamangitsidwa pamodzi ndi anzawo, ndipo palibe amene analemba mayina awo paliponse. Apa panali munthu amene analemba, ndipo ine, mdzukulu wa wothamangitsidwa, ndi amene ndinabwera ndi labala. Manyazi amene ndinamva tsiku limenelo sindinawamveponso.

Mayi Maureen anatipeza choncho, ine nditaimirira ndikulira, mkuluyo atagwira buku pamiyendo. Anamva nkhani yonse asanavule chikhoti. Ndinkadikira kuti andiuze kuti ndisiye makiyi pa tebulo.

"Kulira uchite pambuyo," anatero. "Tseka makatani, zimitsa magetsi, unditengere nyale ya pa desiki ndi galasi lokulitsa zilembo."

Anagoneka buku pa tebulo, n'kutsitsa nyaleyo mpaka inatsala pang'ono kukhudza thabwa, kuti kuwala kuzidutsa cham'mbali pamwamba pa pepala. Pamene ndinkaona poyera panatuluka timizere tokumbika, ngati mapazi a nkhuku pa dothi lonyowa.

"Bambo anu ankagwira ntchito yanji?" anafunsa mayi Maureen.

"Ankaswa miyala ya msewu."

"Mulungu awadalitse, pensulo ankaigwira ngati nyundo."

Ine ndinati tipake pensulo mopepuka pamwamba kuti zilembo zionekere, monga tinkachitira ndi ndalama yachitsulo tili ana. Mayi Maureen anandimenya kadzanja. Anati ukapaka watseka timizereto mpaka kalekale, kuwala kokha n'kokwanira. Koma maso awo sankatha kuona tinthu tating'ono chotero, a bambo Fintan ndiye osanena. Galasi anapatsa ine.

"Si iwe unkawerenga zolemba za ana a sitandade wani? Werenga."

Ndinayamba kutchula chilembo chimodzichimodzi, ndikusuntha nyale uku ndi uku. Mayinawo anali achilendo kwa ine, moti sindinkadziwa ngati ndikulondola. Koma ndikatchula zilembo zitatu kapena zinayi, mkuluyo ankamaliza yekha, mawu ake akukwera ngati munthu wakumana ndi mbale wake pa msika. "Kerrigan! Eya, Kerrigan wa pa mlatho." Mayi Maureen ankalemba pa pepala lina. Linatuluka la Duggan, linatuluka la mayi wamasiye Moran ndi ana ake asanu. Kasitomala wina anagogoda, mayi Maureen anamukuwira kuti abwere mawa, shopu ili ndi maliro.

Titapuma pang'ono ndinafunsa za masamba ena aja amene ndinayeretsa. Bambo Fintan anagwedeza dzanja.

"Amenewo asakudetse nkhawa. Mmenemo bambo ankangomutukwana wolembayo. Mwina wawathandiza kumene ali."

Tinaseka tonse atatu, ine mamina ali chuchuchu. Koma mzere wachisanu ndi chiwiri unatikanika. Pamenepo pensulo inali yakuda kwambiri, ngati anabwerezapo kangapo, ndiye m'mawa uja ndinalimbikirapo mpaka pepala linanyenyeka ngati thonje. Ndinatembenuza nyale mbali zonse. Mayi Maureen anabweretsa tochi. Sipanaoneke ngakhale chilembo chimodzi. Bambo Fintan anatseka maso n'kuyamba mndandandawo kuchokera pamwamba, mwa kayimbidwe ka pemphero, ndipo akafika pachisanu ndi chiwiri ankaima, milomo ikugwedera. Anayesa katatu. Tinapeza mayina khumi.

Mayi Maureen anapinda pepala limene analembapo kuti aliike m'bukumo, koma mkuluyo anakana. Anati mayinawo abwerere pamalo pake, pafupi ndi bodza lija lakuti zinayenda mwabata. Mayi Maureen anati pa ntchito yathu sitilemba m'buku la munthu.

"Bukuli ndi langa," anatero bambo Fintan. "Wafufutayo ndiye alembe."

Ndinasongola pensulo, n'kuyamba kuyendetsa nsonga yake m'timizere tija, kutsatira dzanja la munthu woswa miyala amene sindinamuonepo. Timizereto tinkanditsogolera. Ine amene ndinagwaditsa ana ambirimbiri chifukwa cholemba m'buku ndinalemba mizere khumi, mutu uli pansi. Nditafika pachisanu ndi chiwiri ndinayang'ana mkuluyo.

"Siyapo malo," anatero. "Likandibwerera ndidzaimba foni, udzabwere ndi pensulo yakoyo."

Mayi Maureen anakulunga bukulo m'pepala, n'kuitana takisi, ndipo ine ndinawagwira mkono bambo Fintan mpaka pa galimoto. Asanalowe anandigwira paphewa n'kunena kuti ndisadzizunze, chifukwa ndikanatha kuwanamiza koma sindinatero.

M'mawa mwake ndinapeza labala yanga ili pamalo pake. Mayi Maureen anati cholakwa china n'chawo, popeza anandiphunzitsa kufufuta osandiphunzitsa zoyenera kusiya. Anandikhazika pansi n'kundiuza: dzina la mwini buku, deti, mawu a mphatso, ndemanga ya m'mbali, zonsezo sizikhudzidwa, zimalembedwa pa khadi la bukulo, ndipo ngati ukukayika umafunsa. Ndinawauza kuti kwathu timati safunsa anadya phula. Anandiuza kuti ndiwalembere mwambiwo, n'kuumata pakhoma pamwamba pa tebulo langa, kuti aliyense wolowa kumbuyoko azifunsa tanthauzo lake ine ndizichita manyazi.

Ndinagwira ntchito m'shopumo zaka zina zitatu, ndipo ndinawakonda mayi amenewo ngati azakhali anga. Sindinafufutenso kalikonse ndisanawerenge mpaka kumapeto, ndipo mpaka lero ndikaona pensulo m'mbali mwa buku ndimayamba ndafunsa kuti walembayo ankayankha ndani. Miyezi yoyambirira ija foni ya m'shopu ikalira ndinkathamanga kukayankha ndine, pensulo ili m'thumba la juzi. Inalira mu Okutobala, koma anali mwana wawo wamkazi uja, kutiuza kuti bambo Fintan atisiya. Anati mdzukulu anawerenga mayina aja pa maliro, ndipo atafika pamzere wopanda kanthu anakhala chete pang'ono, kenako n'kupitiriza.